Sizoni ya 2024 m'maligi a m'zigawo: kodi chikho cha Blue Eagles chinatiuza zoona?

(Kukambirana kumeneku kunachitika sizoni ya 2024 itangotha, ya 2025 isanayambe.)

Mdala wa ku Kawale:
Moni nonse pagulu pano. Poti mpira uli pa tchuthi, ndati tikambirane za sizoni ya 2024 mitima ili m'malo. Za Super League ayi, imeneyo mawailesi anaikamba mokwanira, Silver Strikers inatenga ndipo tinawayamikira. Ine nkhani yanga ndi ya kuno kumunsi: ligi ya Chipiku kuno pakati, ya ThumbsUp kummwera, ndi ligi ya kumpoto. Omwe akwera ndi Blue Eagles, Ekhaya ndi Songwe Border United. Koma pali chinthu chikundisowetsa mtendere. Chaka chimenechi Blue Eagles, timu ya mu Chipiku, inanyamula FDH Bank Cup itagwetsa Bullets (Maule) pa Bingu, tonse tinavina kuti mpira wa m'zigawo wakula. Chaka chomwechonso matimu awiri mwa atatu omwe tinawatumiza ku Super League, FOMO ndi Baka City, abwerera atangosewerako sizoni imodzi. Ndiye takuladi kapena tikudzinamiza?

Maule Mpaka Kale:
A mdala, funso lanu ndi labwino, koma tiyambe tagwirizana chinthu chimodzi. Blue Eagles si timu ya m'chigawo. Inangodutsamo. Anyamata ambiri aja ndi apolisi, mwezi ukatha malipiro amalowa kaya apambana kaya agonja. Bwalo ali nalo lawolawo ku Nankhaka, galimoto yoyendera ilipo. Mu 2018 anatilanda Airtel Top 8, mu 2019 anatenga chikho cha FISD. Timu yotereyi mungaiike pa sikelo imodzi ndi anyamata a ku Mponela kapena ku Nathenje omwe amasonkherana ya minibasi? Fainolo ija anatiposa pa mapenate, sindikutsutsa, chikho ndi chawo. Koma musatiuze kuti Chipiku ndiye inagonjetsa Bullets.

Wa ku Area 30:
Achimwene a Maule, mwanena zoona theka lokha. Red Lions inatuluka mu Super League limodzi ndi ife a Blue Eagles mu 2023. Nawonso ndi a boma, malipiro amalandira, mbiri ali nayo yaitali. Bwanji sanabwerere mu 2024? Extreme nayonso inatuluka chaka chomwecho ikudziwa kale kakomedwe ka Super League, ili kuti? Kukhala ndi malipiro sikugoletsa chigoli. Chomwe ma Eagles anachita n'chakuti sanabalalike, ndipo a Eliya Kananji sanaderere ligi ya kumunsi. Ine ndinkawatsatira m'mabwalo a fumbi, komwe mzere wa bwalo amaulemba ndi phulusa, anthu aima mpaka pa mzere penipeni, woponya mpira kuchita kuwapempha kuti asunthe. Kumeneko timu iliyonse imabwera ngati ikusewera fainolo chifukwa ikufuna dzina lakuti inagwetsa apolisi. Mpira umenewo ndi umene unawalimbitsa mtima. Pa Bingu mphindi 90 zinatha Bullets osaona golo, ndipo si mwangozi.

Nyerere ya pa Lali Lubani:
Ine ndili mbali ya a ku Area 30 pang'ono. Ndipo tisaiwale Panthers mu Castel Challenge Cup. Imeneyo ndiye simunganene kuti ndi ya boma kapena kuti inachokera kumwamba. Timu ya m'chigawo cha pakati, inagwetsa matimu a mu Super League mpaka kukafika mu semifainolo. Ife Manoma, a Wanderers, chikho tinatenga titagonjetsa Mzuzu City Hammers, koma anthu ambiri omwe ndimacheza nawo akakumbuka Castel ya 2024 amayamba kutchula Panthers.

Maule Mpaka Kale:
Za Panthers ndavomera, pamenepo palibe chotsutsa.

Mdala wa ku Kawale:
Ndiye apa mwandifikitsa pomwe ndimafuna. Mu kapu ana athu amaoneka. Mu 2022 Bullets Reserve inafika mu fainolo ya FDH n'kukumana ndi akuluakulu awo omwe. Mu 2024 Eagles ndi Panthers. Luso liripo, limenelo palibe angakane. Nanga n'chifukwa chiyani timu ikakwera imafika uko n'kumangolandira zigoli? Alipo pano amene amayendetsa timu atiuze?

Msungichuma wa Timu:
Ndilipo a mdala. Ndimasunga thumba la katimu kena ka m'chigawo cha pakati, dzina ndisatchule. Ndikuuzani mmene Loweruka lathu limayendera, mwina muona kusiyana kwa kapu ndi ligi.

Gemu ya kapu ndi tsiku limodzi. Mudzi wonse umadzuka. Wa golosale apereka madzi, wa chigayo apereka ya mafuta, wina yemwe ali ku Joni atumiza kangachepe pa foni. Anyamata amadya bwino tsiku limenelo, ena amabwerekana nsapato zabwino. Kwa mphindi 90 mukhoza kulimbana ndi aliyense.

Ligi ndi nkhani ina. Sabata ndi sabata, miyezi yambirimbiri. Mukakhala pakhomo, oyimbira ndi inu, achitetezo ndi inu, laimu wolembera bwalo ndi inu. Bwalo lathu lilibe mpanda, timazunguliza chingwe ndi masaka, ndiye wolipira pakhomo ndi amene wafuna yekha. Ena amaonera ali pa chulu, ena mumtengo. Ndikamawerenga ndalama madzulo zimakhala za ma K200 ndi ma K500 zopindikapindika m'jumbo, nthawi zambiri zosakwana n'komwe kulipira oyimbira. Mukakhala koyenda, ndi minibasi. Chitsikireni kwacha ndi 44 peresenti mu Novembala 2023, petulo anafika pa K2,530 lita imodzi, ndipo eni minibasi anakweza hayala nthawi yomweyo. Mpira, jezi, nsapato, zonse zimachokera kunja, zonse zinakwera. Ndiye kumapeto kwa 2024 mafuta anasowa, nthawi yomwe ligi imafika pothina. Tinkagula a m'zigubu pamtengo woposa kawiri. Tsiku lina dalaivala anagona pa mzere ku filing'i siteshoni, ife tinanyamuka mochedwa, anyamata anavalira jezi m'galimoto, kutsika n'kulowa m'bwalo osatenthetsa thupi, m'mimba muli mandasi awiri ndi madzi. Tinagonja, ndipo masapota ankanena kuti kochi sadziwa ntchito.

Tsono taganizani timu ngati yathuyi itapambana ligi mwa chisomo. Mawa lake akuti pezani laisensi ya kilabu, bwalo lovomerezeka, makontrakiti a osewera, maulendo a dziko lonse. Mphoto ya ligi ya m'chigawo imathera kubweza ngongole za sizoni yomwe mwapambanayo. Mumalowa Super League m'thumba muli mbee.

Mwana wa ku Karonga:
Bwana msungichuma, inu mukudandaula muli pakati pa dziko. Bwerani kuno mudzaone. Baka City kuti ikasewere ndi FOMO ku Mulanje inkayenera kukwera Chiweta, kudutsa Mzuzu, Lilongwe, Blantyre, n'kukafika kuphiri. Ndi ulendo wa tsiku lathunthu ndi usiku womwe, pa msewu womwe aliyense amaudziwa mmene ulili. Matimu ambiri a Super League ali ku Lilongwe ndi ku Blantyre, ndiye iwo amabwera kuno kangapo pa chaka, ife timapita uko pafupifupi sabata iliyonse yachiwiri. Miyendo ya mnyamata yemwe wakhala pampando wa basi maola oposa khumi siingafanane ndi ya mnzake yemwe wagona kunyumba kwake.

Ngakhale mu ligi yathu ya kumpoto momwemo, yomwe akuluakulu ena amaitchulabe kuti Simama, mtunda ndi mdani. Chitipa, Karonga, Rumphi, Nkhata Bay, Mzimba, maboma amenewa ndi otalikirana ndipo misewu ina mvula ikagwa ndi basi. Songwe Border United yakwera, tasangalala, koma mtima uli m'mwamba. Ndi boma lomwelo la Karonga, ulendo ndi womwewo umene unatopetsa Baka.

Nyerere ya pa Lali Lubani:
Koma achimwene, Chitipa United ili kutali kuposa Karonga. Inakwera n'kusewera bwino kwambiri mu 2023, inathera kumtunda kwa tebulo. Karonga United nayo yakhazikika zaka zingapo tsopano. Ndiye mtunda wokha sungakhale chifukwa.

Mwana wa ku Karonga:
Ndine mlongo wanu, osati achimwene. Za Chitipa mwanena zoona, koma kumbukirani kuti Chitipa United inakwerapo kale n'kutsika isanadzakhazikike. Inaphunzira ndi misozi. Ndipo chomwe chimawapulumutsa matimu awiriwa ndi pakhomo. Pa Karonga Stadium anthu amadzaza, kutentha kwake alendo amafika hafu yachiwiri atatheratu. Timu ya kuno ikalephera kutola mapointi pakhomo, koyenda isayembekezere kanthu. Baka pakhomo pomwepo inkavutika, chifukwa anyamata ake ambiri anali asanalawepo mpira wa liwiro limenelija.

Nyerere ya pa Lali Lubani:
Pepani achemwali. Mfundo ya pakhomoyo ndaimva.

Mayi a Chisomo:
Ine mpira sindiudziwa ngati inu abambo, koma mwana wanga wachiwiri amasewera mu ligi ya kummwera, ndiye ndilankhuleko monga kholo. Mukamakamba za matimu kukwera ndi kutsika, ife timaona zina kunyumba. Mwanayu m'mawa amakankha njinga ya kabaza, masana kutireni. Nsapato zake zapita kwa wosoka kangapo, pansi pake anachita kukhoma ndi timisomali. Mwezi wa Seputembala anamuponda pa kakolo, mwendo unatupa mpaka sokosi kukana kuvuka, tinachita kudula ndi lumo. Anabwera naye pa njinga anzake awiri. A timu anabwera kamodzi, anasiya ya panado, sindinawaonenso. Amene ankamuthowa ndi madzi otentha m'mawa ndi madzulo ndine, ku chipatala ndinapita naye ndine, masabata onse omwe sanapalase njinga tinkadya za geni yanga. Atachira anabwereranso komweko, chifukwa akuti tsiku lina ena adzamuona.

Sindikuwada a timu, ndikudziwa kuti nawonso alibe. Koma ndikufunsa inu odziwa: palibe lamulo loti mwana akavulala pa mpira wa ligi athandizidwe? Chifukwa mukamati luso liripo kumunsi, luso lake ndi ana athuwa.

Msungichuma wa Timu:
Mayi, mawu anu andilasa, chifukwa ndakhalapo mbali inayo. Ndapitapo kunyumba kwa mnyamata wovulala ndili ndi kandalama kochititsa manyazi m'manja. Kumunsi kuno osewera ambiri alibe kontrakiti yeniyeni, amangosaina fomu yolembetsera ku bungwe, ndiye akavulala zimatengera chifundo cha mwini timu. Langizo langa kwa mwana wanu: asasainenso fomu ya sizoni ikubwerayi popanda kukhala pansi ndi akuluakulu a timu, inu muli pomwepo, n'kulemba papepala zomwe adzachite akavulala. Ngakhale pepala la m'kope, bola pakhale masiginecha ndi mboni. Komanso pepalalo linene kuti timu yaikulu ikamufuna sadzamukaniza. Ana ambiri amakalambira kumunsi chifukwa eni timu anatchula mtengo wosatheka.

Mayi a Chisomo:
Zikomo bambo, ndimuuza ndipo ndipita naye ndekha.

Kochi wa Ana:
Ine ndimaphunzitsa ana a zaka zosapitirira 17, ndipo ndikufuna ndibweze nkhaniyi ku bwalo pang'ono, chifukwa ndalama si zonse. Mpira wa m'zigawo ndi wa mtundu wina. Mabwalo ambiri ndi okumbikakumbika, mpira sungayende pansi, ndiye aliyense amaphunzira kuumenya kutsogolo n'kuthamangira. Ndi mmene umapambanira ligi ya kumunsi. Ukafika pa kapeti wa pa Kamuzu Stadium kapena pa udzu wa pa Bingu, anzako akupatsirana pansi, iwe ukuthamangitsa mthunzi. Pofika mphindi 60 mapapo atha. Timu yomwe yakwera imakhala ndi njira ziwiri zokha, ndipo zonse ndi zowawa. Kusunga anyamata omwe anaikweza, n'kumagonja uku akuphunzira. Kapena kuwataya n'kugula otsala a matimu akuluakulu, omwe amabwera ndi dzina koma mtima uli kwina. Ambiri amasankha yachiwiri, kenako akatuluka ogulidwa aja amathawa, ana a pakhomo aja anakhumudwa kale, timu n'kufa.

Onani Bullets Reserve. Imasewera mu ligi yomweyo ya kummwera, koma ana aja amatirena pabwino tsiku ndi tsiku, amaphunzira kasewero kamodzi ndi akulu awo. Patrick Mwaungulu ndi Lanjesi Nkhoma anadutsa kumeneko, analowa timu yaikulu osavutika, mu 2024 anapita ku TP Mazembe ya ku DR Congo. Ndi ana a m'makwalala athu omwewa. Chosiyana ndi malo omwe anakulira mpira wawo.

Wa ku Bangwe:
Akochi mwakhudza pomwe pamandipweteka. Ife Bangwe All Stars tinakwera, tinasewera 2023 bwinobwino, 2024 tatuluka limodzi ndi FOMO. Kummwera tataya matimu awiri chaka chimodzi. Koma za marizevu ine ndili ndi dandaulo. Timu yomwe singakwere ikutani mu ligi yolimbirana kukwera? Amatenga mapointi kwa ena, mwina kutenga ndi mphoto yomwe, pomwe iwo alibe chotaya. Kumapeto kwa sizoni zimasokoneza, chifukwa tsogolo la timu ina limadalira kuti rizevu yabwera ndi mphamvu zanji tsiku limenelo. Akhale ndi ligi yawoyawo.

Maule Mpaka Kale:
Mukawachotsa marizevu, ligi ya kummwera itsika mphamvu, ndipo anthu oonera achepa. Gemu ya Bullets Reserve kapena Wanderers Reserve ndi imene imadzaza bwalo kumudzi. Funsani asungichuma.

Msungichuma wa Timu:
Pa geti n'zoona. Kuno kwathu rizevu ya Silver ikabwera ndiye tsiku lomwe jumbo ija imalemerako. Komanso anyamata athu amaphunzirapo kanthu. Koma dandaulo la a ku Bangwe lilinso ndi mutu. Ine ndikanakonda azisewera nafe, koma pakhale malire a zaka okhwima, ndipo wosewera wa timu yaikulu asamatsitsidwe kudzasewera gemu imodzi yofunika.

Refa Wopuma:
Ndakhala ndikuwerenga mwakachetechete. Ndinaimbira m'zigawo zaka zambiri ndisanapume, ndipo pali nkhani yomwe simunaikhudze. Ligi ya m'chigawo sikuti nthawi zonse imakweza timu yabwino koposa. Nthawi zina imakweza timu yomwe pakhomo pake ndi poopsa koposa.

Tangoganizani. Wafika pa bwalo pa kabaza, wavalira kuseri kwa kalasi. Apolisi alipo awiri, anthu mazanamazana, mpanda palibe. Ndalama yako yobwererera ili m'thumba mwa mkulu wa timu ya pakhomo, akupatsa gemu ikatha. Mphindi 88, wa pakhomo wagwetsa mlendo m'bokosi. Ukudziwa kuti ndi penate. Ukudziwanso kuti njira yotulukira ndi imodzi, yodutsa pakati pa anthu omwewo. Ine ndinaimbapo penate yotero, ndinatuluka pa bwalo nditagona pansi m'galimoto ya mphunzitsi wina wachifundo, malaya atang'ambika. Anzanga ena amayang'ana kumbali, ndipo sindingawaweruze msanga.

Onjezani za zikhulupiriro. Timu kukana kulowera pa geti n'kumalumpha mpanda, ena kuthira madzi osadziwika pa golo, kukanganirana mpira woti useweredwe. Gemu ya 2:30 kuyamba 3:30, kutha kuli mdima. Zonsezi zimadya nthawi yomwe ikanapita ku mpira. Timu yokulira m'zimenezi ikafika ku Super League, komwe kuli makamera, mpanda ndi oyimbira omwe sakuiopa, theka la mphamvu zake limatsala kumudzi.

Chithandizo chake si chovuta kumvetsa. Ndalama za oyimbira zizichokera ku bungwe, zizilowa pa foni gemu isanayambe, woyimbira asamatambasule dzanja kwa timu. Ndipo bwalo lomwe woyimbira wamenyedwapo litsekedwe sizoni yonse, osati chindapusa chomwe sichilipidwa n'komwe.

Wa ku Area 30:
Akulu, apa mwalankhula. Ndinaonapo ndi maso anga wothandizira woyimbira akuthamanga ndi mbendera uku munthu akumutsatira kumbuyo ndi chibonga, akumuuza zoti aimike ndi zoti asaimike. Palibe anamuchotsa munthuyo mpaka gemu kutha.

Mdala wa ku Kawale:
A refa, zikomo. Izi ndi zomwe sitimva pa wailesi. Tsono ndifunse za Ekhaya ndi Creck, chifukwa zikuoneka ngati zikutsutsa zonse takambazi. Creck Sporting inakwera limodzi ndi FOMO ndi Baka, koma iyo yakhazikika bwinobwino. Ekhaya yangobwera kumene, yadutsa kummwera pamaso pa Red Lions. Chinsinsi n'chiyani?

Nyerere ya pa Lali Lubani:
Chinsinsi palibe a mdala, ndi thumba ndi dongosolo. Creck ili ndi a Apostle Clifford Kawinga kumbuyo kwake. Ekhaya ili ndi banja la a Mpinganjira, ndipo inatenga a Enos Chatama, omwe anaumba Bullets Reserve ija inafika mu fainolo mu 2022. Munthu amene amadziwa ana onse abwino a kummwera ndi mayina awo. Ukakhala ndi malipiro obwera pa nthawi yake, ligi ya m'chigawo siikuvuta.

Kochi wa Ana:
N'zoona, ndipo ine sindikuona cholakwika kuti anthu a ndalama alowe mu mpira, tikuwafuna ambiri. Chomwe chimandidetsa nkhawa ndi chakuti njira yatsala imodzi yokha. Matimu atatu omwe tikuwatamanda, Eagles, Creck, Ekhaya, ina ndi ya boma, ziwiri ndi za anthu olemera. FOMO inachokera ku bungwe losamalira ana amasiye ku Mulanje, anthu a kumeneko ankaikonda ngati mwana wawo, pa Mulanje Park pankadzaza. Yatuluka. Ngati timu ya anthu wamba singakhalitse kumwamba, maboma ambiri sadzaonanso Super League pakhomo pawo, ndipo mwana wa ku Nsanje, ku Ntchisi kapena ku Neno adzayenera kusamukira mtauni kuti aonedwe.

Wa ku Bangwe:
Komanso timu ya munthu mmodzi imakhala ndi moyo wa munthu mmodziyo. Tsiku lomwe watopa kapena bizinesi yavuta, timu imagulitsidwa kapena kutha. Taziona kangati m'dziko muno?

Maule Mpaka Kale:
Nanga National Division yomwe FAM, bungwe loyendetsa mpira m'dziko muno, ikubweretsa mu 2025 siithetsa zimenezi? Mmene ndamvera ine, matimu abwino a m'zigawo zonse zitatu azisewera ligi imodzi ya dziko lonse, pakati pa zigawo ndi Super League. Timu izizolowera maulendo ndi mpira wothina isanakwere. A Fleetwood Haiya chilowereni pampando wa pulezidenti wa FAM mu Disembala 2023 akhala akukamba zokweza mpira wa kumunsi, ndiye mwina apa ndi poyambira.

Msungichuma wa Timu:
Ganizo ndi labwino, ndipo ndi lomwe lakhala likusoweka. Panopa timu imachoka pa bwalo la sukulu n'kukagwera pa Bingu popanda popondera pakati. Koma ndifunse monga wosunga thumba: ulendo alipira ndani? Ngati tikulephera hayala ya Lilongwe kupita ku Kasungu, ya Lilongwe kupita ku Chitipa tiitenga kuti? Wothandiza ligi imeneyo asangoika ndalama pa mphoto ya kumapeto. Mphoto amadya ndi mmodzi. Ndalama zipite kwa matimu onse sizoni isanayambe komanso pakati, za mayendedwe ndi oyimbira. Zikapanda kutero tidzaona matimu akulephera kufika pa bwalo mwezi wachitatu.

Mwana wa ku Karonga:
Ndipo ife a kumpoto ndi amene tidzayambe kumva kuwawa. Komabe ine ndikuifuna. Bola kukagonja ku Balaka uli mu National Division n'kuphunzira, kusiyana ndi kukaphunzirira mu Super League dziko lonse likukuseka. Chomwe ndingapemphe ndi chakuti pokonza ndandanda aziganizira mtunda. Timu ikatsika kummwera isewere magemu awiri ulendo umodzi, Loweruka ndi pakati pa sabata, osati kupita ndi kubwerera kawiri.

Kochi wa Ana:
Magemu awiri pa masiku ochepa amapweteka osewera, koma pa thumba la matimu athu ndikuvomereza. Nkhawa yanga ina ndi ya zigawo zomwe zitsale. Mukachotsa matimu anayi kapena asanu amphamvu mu Chipiku, otsalawo adzakopa anthu? A Chipiku Stores ndi a Rab Processors, omwe amathandiza maligi a Chipiku ndi ThumbsUp, akhala nafe zaka zambiri, tisawasiyire ligi yopanda mchere n'kumadabwa akachoka.

Refa Wopuma:
Oyimbira a ligi yatsopanoyo achokera m'zigawo momwemo. Akatenga abwino onse, kumunsi kutsala ana ongoyamba kumene, pa mabwalo opanda mpanda aja. Maphunziro a oyimbira ayambe msanga, asadikire ligi iyambe.

Wa ku Area 30:
Ndibwerere ku makapu pang'ono, chifukwa ndi kumene timu yaing'ono ingapezeko ndalama yooneka. Castel imayambira m'maboma, FDH imayambira m'zigawo, zonsezi n'zabwino. Koma timu yaing'ono ikakumana ndi yaikulu, gemu izichitikira kwawo kwa yaing'onoyo kapena pa bwalo labwino loyandikira kwawo. Bullets kapena Wanderers ikapita ku Dedza, ku Mchinji, ku Rumphi, tsiku limodzi limenelo likhoza kulipira theka la sizoni ya timu ya kumudzi. Mukaitengera ku Blantyre mwaipatsa ngongole ya basi ndi malo ogona, masapota ake n'kutsala kunyumba.

Maule Mpaka Kale:
Ife kupita kumudzi sitikana, masapota athu ali paliponse. Koma bwalo likhale lotetezeka. Musatitengere pa bwalo la chingwe ndi masaka lija wanena msungichuma, wosewera wathu akathyoka mwendo mu dzenje tidzalira ndi ife.

Msungichuma wa Timu:
Pamenepo palibe mkangano. Mabwalo a makhonsolo alipo m'maboma angapo tsopano, Dedza, Kasungu, Balaka, Mulanje, Rumphi, Karonga. Atakonzedwa bwino n'kutsitsa mtengo wobwerekera kwa matimu a m'zigawo, ife tikhoza kusiya mabwalo a sukulu pa magemu akuluakulu. Vuto ndi lakuti ukabwereka bwalo lotero, pa ndalama za pakhomo aliyense amadulapo gawo lake, eni bwalo, bungwe, achitetezo, ogulitsa matikiti, timu n'kutsala ndi zochepa kuposa zomwe ikanapeza pa chingwe paja. N'chifukwa chake ambiri timakakamira kumudzi.

Mdala wa ku Kawale:
Ine pomwe ndaima tsopano ndi apa. A Maule ananena zoona kuti chikho cha Eagles si umboni woti Chipiku yafika pa Super League. A ku Area 30 ananenanso zoona kuti ligi ya kumunsi si yophweka, Red Lions ndi mboni. Koma wandigwira mtima kwambiri ndi a refa. Za mafuta ndi misewu sitingazisinthe ife, pomwe zoti woyimbira azilandira ndalama yake kuchokera ku bungwe zikhoza kuyamba sizoni ikubwerayi. Alipo pano amene amakhala nawo pa misonkhano ya mabungwe oyendetsa mpira m'zigawo, CRFA pakati, SRFA kummwera kapena NRFA kumpoto?

Msungichuma wa Timu:
Ine ndimapita ku wa CRFA m'malo mwa timu yathu. Ndikhoza kukaitula, koma mfundo ya timu imodzi siipita patali. Pakufunika matimu angapo asainire kalata imodzi isanafike nthawi ya msonkhano. A refa, mungandithandize kuilemba? Inu mukudziwa mmene malipiro a oyimbira amayendera kuposa ine.

Refa Wopuma:
Nditumizireni uthenga kumbali, tiyambe mawa madzulo. Muikemonso ya chithandizo cha osewera ovulala yomwe anadandaula Mayi a Chisomo, ipite pa kalata yomweyo.

Mwana wa ku Karonga:
Mukamaliza muiponye pano. Ndili ndi achibale m'makomiti a matimu awiri kuno, ndiwapatsa kuti nawonso akaitule ku NRFA.